Anaona ndege zili kutali, sanamve mafumu ali pakhomo

Akuluakulu a m'midzi ya kumalire, kuyambira ku Tsangano, Angónia, Macanga mpaka ku Chifunde ndi Marávia, salankhula za ndege monga amalankhulira ana a lero. Mwana akamva ndege amathamangira pabwalo kukaiona. Agogo ake akamva phokoso lomwelo amayamba ayang'ana kumene kuli mtengo wa masamba ambiri. Pa nchito yanga ya pa wailesi ndimaceza ndi anthu a msinkhu umenewo, ndipo nkhani ikafika pa zaka za m'ma 1970 amachula ndege za mitundu iwiri: za Apwitikizi, ndi za Smith zocokera ku Rhodesia. Za Apwitikizi sizivuta kumvetsa, poti iwo ndiwo ankatilamulira. Za Smith ndizo zili ndi funso. Dziko lija linalibe fakitale yopangira ndege za nkhondo, ndipo Smith atapandukira Angerezi mu 1965, bungwe la United Nations linauza maiko kuti asaligulitse zida. Nanga ndege zimene zinaphulitsa Chimoio ndi Tembue mu 1977 linazitenga kuti?

Tikalondola mapazi a ndegezo tifika ku London, m'maofesi mmene anthu ocepa ankagawa maiko a ena. Ndasankha kulondola njirayi kudzera m'moyo wa munthu mmodzi, Lord Swinton. Kwawo amam'kumbukira kuti ndiye nduna imene inakonzekeretsa ndege zopulumutsa dziko lao kwa Hitler. Kuno kwathu dzina lake silidziwika, cikhalireco iye anali mmodzi wa nduna zimene zinamanga Citaganya ca Rhodesia ndi Nyasaland mu 1953, ndipo ndege za Smith zinali colowa ca Citaganyaco.

Mkamwini amene anatenga dzina ndi munda

Anabadwa pa 1 Maio 1884 ku Yorkshire, kumpoto kwa Mangalande, ndipo dzina lake loyamba linali Philip Lloyd-Greame. Makolo ake anali eni malo, a mabanja aja amene ana ao sadandaula kuti adzadya ciyani koma kuti adzalamulira kuti. Anaphunzira ku Winchester ndi ku Oxford, nakhala loya. Mu 1912 anakwatira Mary Boynton, mdzukulu wa Samuel Cunliffe-Lister, mwini mafakitale a nsalu ku Bradford, amene analemera mpaka kugula dera lalikulu lochedwa Swinton. Pa nkhondo yoyamba ya dziko lonse Philip anali msilikali wa pansi, ndipo analandira mendulo ya Military Cross. Mu 1918 anasankhidwa kukhala phungu wa dera la Hendon, m'cipani ca Conservative.

Mu 1924, cuma ca banja la mkazi wake citagwera kwa iwo, anasiya dzina la bambo wake natenga la kucikazi, nakhala Philip Cunliffe-Lister. Kwathu kuno mkamwini amalima munda wa apongozi zaka makumi awiri, koma mundawo sukhala wake, ndipo ukwati ukatha amanyamula khasu ndi mphasa basi. Mkamwini uyu anatenga dzina, munda ndi nyumba yomwe. Mu 1935 mfumu ya Angerezi inam'patsa ulemu wa Viscount Swinton, ndipo mu 1955 anakwezedwa kukhala Earl. Pa nthawiyo maudindo amenewa ankapatsa munthu mpando m'nyumba ya malamulo yaciwiri, House of Lords, imene anthu ake salowamo ndi voti. Munthu mmodzi, maina atatu. Pano ndizingomuti Swinton.

Afrika anayamba kuigwira m'manja mu 1931, pamene anakhala nduna yoona maiko olamulidwa ndi Angerezi. Nyasaland, Northern Rhodesia ndi Kenya anali pansi pa ofesi yake mpaka 1935. Cimene cinacitika ku Kenya cikutionetsa mtima wa ulamuliro wake. Lamulo la 1930 linalonjeza kuti malo osiyidwira anthu akuda ndi ao mpaka kalekale, ndi kuti boma likatengako gawo lidzabwezera malo ena. Kenaka ku Kakamega kunapezeka golide. Mu 1932 lamulo lija linasinthidwa kuti okumba golide alowe, eni minda n'kupatsidwa ndalama m'malo mwa nthaka, ndipo Swinton anaikira kumbuyo kusinthako m'nyumba ya malamulo. Kufupi ndi kuno, mu Maio 1935, anchito a m'migodi ya kopa ku Northern Rhodesia ananyanyala nchito cifukwa ca msonkho, ndipo apolisi anaombera ndi kupha anthu 6 ku Luanshya. Patangopita masiku ocepa Swinton anasamutsidwira ku unduna wina.

Zaka zitatu ku unduna wa ndege

Unduna watsopanowo unali wa ndege za nkhondo, ndipo apa m'pamene pali nchito imene Angerezi amam'tamandira. Hitler anali atatenga boma la Germany mu 1933, ndipo mu Março 1935 analengeza poyera kuti ali ndi gulu la ndege za nkhondo. Gulu la Angerezi, la Royal Air Force, linali likadali ndi ndege zacikale za mapiko awiri osanjikizana, zokutidwa ndi nsalu. Swinton analowa mu Junho 1935, naona kuti nthawi yacepa.

Coyamba, anasiya mwambo woyesa ndege yatsopano zaka zambiri boma lisanaigule. Ndege yochedwa Hurricane inauluka koyamba mu Novembro 1935, ina yochedwa Spitfire mu Março 1936. Pofika Junho 1936 unduna wake unali utaitanitsa kale ma Hurricane 600 ndi ma Spitfire 310. Kunali kugula mbewu munda usanasoseredwe, ndipo zikanakanika, mlandu ukanakhala wake.

Caciwiri, anadziwa kuti makampani opanga ndege sangakwanitse okha. Boma linamanga mafakitale atsopano ndi ndalama zake, n'kuwapereka kwa makampani opanga magalimoto monga Austin, Rover ndi Daimler kuti awayendetse, anchito ao aphunzire kupanga mainjini a ndege nkhondo isanayambe.

Cacitatu ndi radar, ndipo ici cimandikhudza ine wa pa wailesi, pakuti cimagwira nchito ndi mafunde omwewo amene amanyamula mau anga kukafika m'nyumba zanu. Nsanja zazitali zinaimikidwa m'mbali mwa nyanja. Nsanja imatumiza mafunde m'mlengalenga, mafundewo akagunda ndege amabwerera, ndipo poona nthawi imene atenga, munthu wokhala pa makina amadziwa kuti ndege ili kuti, ikadali pa mtunda wa makilomita oposa 100. Swinton anatsogolera komiti imene inakankha nchitoyi ikadali yacinsinsi, ndalama zake n'kupezeka.

Koma ulemu uja wa 1935 unam'pweteka. Pokhala wa House of Lords, sankaloledwa kulowa m'nyumba ya aphungu osankhidwa kukayankha mafunso. Aphungu ankadandaula kuti ndege zikucedwa kutuluka m'mafakitale, womuyankhira anayankha mosakhutiritsa, ndipo mu Maio 1938 nduna yaikulu Neville Chamberlain inam'pempha kuti atule pansi udindo. Patapita zaka ziwiri, mu 1940, Ajeremani anatumiza ndege zao kuti athyole Mangalande. Zimene zinawabweza zinali ma Hurricane, ma Spitfire ndi nsanja za radar. Munthu amene anacotsedwa cifukwa cocedwa ndiye anali atafulumira kuposa anzake.

Nkhondo ya Azungu, thukuta la Afrika

Mu 1942 Winston Churchill anam'tumiza ku Accra kukakhala nduna yoyang'anira maiko a Angerezi a kumadzulo kwa Afrika. Kumeneko kunali njira yofunika kwambiri. Ndege zinkabwera pa sitima za pamadzi zili m'mabokosi, kulumikizidwa pa doko la Takoradi, n'kuuluka kudutsa Kano ndi Khartoum mpaka ku Egypt kumene kunali nkhondo. Ndege zoposa 5,000 zinadutsa njira imeneyi. Nchito ina ya Swinton inali kuonetsetsa kuti mtedza, mafuta a kanjedza, mphira ndi miyala ya m'migodi zikupita ku Mangalande mosalekeza. M'zaka zomwezo, ku migodi ya tini ya ku Jos m'dziko la Nigeria, amuna zikwizikwi anagwidwa kukakumba mokakamizidwa, ndipo ambiri anafera komweko ndi matenda ndi kuzizira. Ife a kuno nchito yotere tili nalo dzina lake: cibalo. Nkhondoyo inam'lasanso iye mwini, pakuti mwana wake wamkulu anafa ndi mabala mu 1943. Mu 1944 anakhala nduna yoyamba ya ndege zonyamula anthu, natsogolera nthumwi za Angerezi ku msonkhano wa ku Chicago umene unaika malamulo a maulendo a ndege pakati pa maiko.

Nthawi yomweyo, kum'mwera kwa ife kunkamera mbewu ina. Angerezi anasandutsa Southern Rhodesia sukulu ya oyendetsa ndege, cifukwa kumwamba kwake kunali koyera ndipo adani anali kutali. Anyamata zikwi zambiri anaphunzira kumeneko, m'mabwalo monga Thornhill pafupi ndi Gwelo, amene anasalazidwa ndi manja a anthu akuda. Azungu a ku Rhodesia anatuluka m'nkhondoyo ali ndi mabwalo, amakanika ndi oyendetsa ndege odziwa kumenya. Mmodzi wa iwo anali Ian Smith, amene anayendetsa Hurricane ndi Spitfire, mitundu yomwe ija Swinton anaitanitsa mu 1936.

Janeiro 1953

Azungu a ku Southern Rhodesia ndi a ku migodi ya Northern Rhodesia anakhala akufuna kwa zaka zambiri kuti maiko atatu aphatikizidwe: kum'mwera kubweretse mafakitale ndi ulamuliro, kumpoto kopa, Nyasaland manja a anchito. Anthu akuda a maiko awiri a kumpoto anakana kuyambira paciyambi. Sanakane mwaumbuli. Machona zikwizikwi anali atagwira nchito ku Salisbury, Bulawayo ndi m'mapulazi a fodya, pamodzi ndi abale athu a kuno ku Tete amene ankadutsa njira yomweyo. Anaona ndi maso malamulo a citupa, ndi lamulo la 1930 limene linapatsa Azungu ocepa pafupifupi theka la nthaka yonse. Wamva m'mimba ndiye atsekula citseko. Dr. Hastings Kamuzu Banda ali ku London analemba pamodzi ndi Harry Nkumbula cikalata cotsutsa ganizoli, ndipo mabungwe a Congress a maiko onse awiri anaima pa mau amodzi.

Churchill atabwerera m'boma mu 1951, cipani cake cinatsimikiza kuti Citaganya cicitike, anthu afune asafune. Mu Novembro 1952 Swinton anakhala nduna yoona za ubale wa maiko a Commonwealth, ofesi imene inkayang'anira Southern Rhodesia. Mnzake Oliver Lyttelton ndiye ankayang'anira Nyasaland ndi Northern Rhodesia. Mu Janeiro 1953 nduna zimenezi zinakhala pansi ku London ndi Godfrey Huggins, Roy Welensky ndi abwanamkubwa, kumalizitsa malamulo a Citaganya. Pa tebulo limenelo panalibe munthu wakuda ndi mmodzi yemwe, pakuti atsogoleri ao anakana kukakhala mboni pa mlandu woweruzidwa kale.

Taonani zimene anagwirizana. Nyumba ya malamulo ya Citaganya inali ndi mipando 35. Anthu akuda, amene anali oposa 6 miliyoni, anapatsidwa mipando 6, kuonjezapo Azungu atatu oti aziwalankhulira. Azungu, amene anali ongopitirira pang'ono 200,000, anatenga yotsalayo. Poyamba panali lonjezo la bungwe loima palokha, African Affairs Board, loti liziimitsa malamulo opondereza anthu akuda. Pa msonkhano umenewu bungwelo linasandutsidwa komiti ya m'kati mwa nyumba yomweyo imene linayenera kuilondera. Ndipo nkhani zonse za citetezo, asilikali ndi ndege zinaikidwa m'manja mwa boma la Citaganya, limene likulu lake linali ku Salisbury. Mfundo yotsirizayi muisunge, tidzaipezanso kutsogoloku.

Mwezi womwewo mafumu a ku Nyasaland anali mu London momwemo. Anthu ao anasonkha ndalama za ulendo kuti akapereke dandaulo kwa Mfumukazi Elizabeth, pokhulupirira kuti dziko lao linalowa pansi pa citetezo ca agogo ake, osati pansi pa Azungu a ku Salisbury. Sanaloledwe kuonana nayo. Anabwerera opanda kanthu. Mu Abril 1953 ovota a ku Southern Rhodesia anafunsidwa ngati akulifuna Citaganya, navomera, koma pa mndandanda wa ovotawo anthu akuda sanakwane 500. Ku Nyasaland ndi Northern Rhodesia kunalibe voti iliyonse. Citaganya cinayamba caka comweco, cokutidwa ndi mau okoma oti mitundu iyendera pamodzi. Cikomekome ca mkuyu, m'kati muli nyerere.

Inkosi Gomani ku Vila Coutinho

Nkhaniyi inafika pakhomo pathu msanga kuposa mmene ambiri amadziwira. Inu a ku Angónia mukudziwa kuti malire amene Angerezi ndi Apwitikizi anagwirizana mu 1891 anadula pakati dziko la Angoni a kwa Maseko, ena ku Domwe, ena ku Ntcheu. Mu Maio 1953 Inkosi Philip Gomani, amene likulu lake linali pa Lizulu, anauza anthu ake kuti asamvere malamulo ena a boma posonyeza kukana Citaganya. Bwanamkubwa Geoffrey Colby anam'cotsa pa mpando nalamula kuti asamutsidwe m'dera lake. Apolisi atabwera kudzam'tenga, anthu anawachinga. Inkosiyo, ili yodwala, inaoloka malire pamodzi ndi mwana wake Willard ndi mbusa wa Cingerezi Michael Scott, kulowa kuno ku Angónia, kumbali ya Vila Coutinho, imene lero timati Ulónguè.

Anayesa kuti athawira kwa abale, ndipo analidi kwa abale, koma dzikolo linali m'manja mwa Apwitikizi. Iwo anawagwira nawabweza kwa Angerezi. Scott anathamangitsidwa m'dziko, ndipo Gomani anamwalira ku cipatala ca Malamulo mu 1954 asanabwerere pa mpando wake. Mu Agosto ndi Setembro 1953 zipolowe zinabuka ku Thyolo ndi madera ena a kum'mwera kwa Nyasaland, anthu 11 n'kuphedwa. Phunziro la masiku amenewo linali loonekeratu: malire amalekanitsa ife, koma atsamunda a mbali ziwiri amadziwana ndipo amabwerekana manja. Caona mnzako capita, mawa cili pa iwe.

Ndege zinatsala ndi yani

Swinton anacoka m'boma mu Abril 1955, pamene Anthony Eden analowa m'malo mwa Churchill. Cimene anasiya cinapitiriza kukula cokha. Gulu la ndege la Southern Rhodesia linakhala la Citaganya conse, ndipo mu 1954 linapatsidwa dzina la Royal Rhodesian Air Force. Ndi msonkho wa maiko atatu, umene gawo lake lalikulu linkacokera ku kopa wa Northern Rhodesia, linagula ku Mangalande ndege za jeti: ma Vampire kuyambira kumapeto kwa 1953, ma Canberra oponya mabomba mu 1959, ndi ma Hunter 12 mu 1962 ndi 1963. Linagulanso mahelikopita a Alouette ku France. Mabwalo ake aakulu, New Sarum ndi Thornhill, onse anali ku Southern Rhodesia.

Oyamba kulawa anali a ku Nyasaland. Mu 1959 asilikali a Citaganya anatsitsidwa ndi ndege pa Chileka, ndipo pa 3 Março boma linalengeza lamulo la nthawi ya ngozi. Dr. Banda anagwidwa m'bandakuca natengedwa pa ndege kupita ku ndende ya Gwelo. Ku Nkhata Bay tsiku lomwelo asilikali anaombera khamu la anthu, ndipo m'dziko lonse anthu oposa 50 anaphedwa m'masabata amenewo. Kucokera pamenepo Citaganya cinayamba kugwa, ndipo cinatha pa 31 Dezembro 1963.

Banja likatha pamakhala kugawana katundu. Pa msonkhano wa ku Victoria Falls pakati pa 1963, Angerezi anavomera kuti pafupifupi ndege zonse za nkhondo zipite ku Southern Rhodesia, imene inali kale m'manja mwa cipani ca Rhodesian Front. Maiko a Afrika anaona ngoziyo. Ghana, Morocco ndi Philippines anapempha bungwe la citetezo la United Nations kuti liletse kupereka zida zimenezi kwa boma la Azungu ocepa. Pa 13 Setembro 1963 Angerezi anagwiritsa nchito mphamvu yao yokaniza, pempholo n'kufa. Patapita zaka ziwiri, pa 11 Novembro 1965, Smith analengeza kuti Rhodesia yadzilamulira yokha. Anatero akudziwa kuti ali ndi ndege zamphamvu kuposa za anansi ake onse a kumpoto, ndipo London sinatumize asilikali kukamuletsa.

Tsopano njira yafika kwathu. Frelimo inatsegulanso nkhondo m'cigawo ca Tete mu 1968, ndipo posakhalitsa asilikali ndi ndege za Rhodesia zinayamba kuoloka malire kudzathandiza Apwitikizi, makamaka omenyera ufulu a Zimbabwe atayamba kudutsa muno. Zoopsa za pa Wiriyamu pa 16 Dezembro 1972, kum'mwera kwa mzinda uno wa Tete, zinacitidwa ndi asilikali a Apwitikizi, ndipo mlandu umenewo ndi wao. Koma Moçambique italandira ufulu mu 1975, natseka malire ake ndi Rhodesia mu Março 1976, kumwamba kwathu kunatsala kwa ndege za Smith. Pa 23 Novembro 1977 ma Hunter, ma Canberra ndi ma Vampire anaphulitsa misasa ya ZANLA pafupi ndi Chimoio, ma Dakota akugwetsa asilikali pa maparashuti. Anafa anthu oposa 1,000, pakati pao amai ndi ana. Patangopita masiku owerengeka anacita zomwezo pa Tembue, kumpoto kwa Zambezi, m'cigawo cathu cino, ndipo anabwerakonso mu 1978. Pa 19 Outubro 1978 inali nthawi ya Zambia: anaphulitsa msasa wa Chikumbi pafupi ndi Lusaka, woyendetsa Canberra akulamula nsanja ya bwalo la ndege la Lusaka kuti ndege za Zambia zisanyamuke. Ndege zogulidwa ndi kopa wa Zambia zinabwerera kudzaphulitsa Zambia.

Ngakhale pamenepo ulendo wa ndegezo sunathe. Zimbabwe italandira ufulu mu 1980 inatenga gulu lomwelo, ndipo mu 1985 ndege zake zinaulukanso m'mlengalenga mwa Moçambique, ku Gorongosa, pa nkhondo yathu yapaciweniweni. Ife amene tinakula m'zaka za koluna, magalimoto akuperekezedwa ndi asilikali kucokera ku Nyamapanda mpaka ku Zóbuè, tinabadwira m'mcira wa nkhani yomweyi.

Timuweruze bwanji

Swinton anamwalira pa 27 Julho 1972 ali ndi zaka 88, zaka zisanu Tembue asanaphulitsidwe. Sanatume ndege iliyonse kuno. Ma Hunter anagulidwa iye atacoka kale m'boma, ndipo za ku Victoria Falls anagamula ndi ena. Kum'senzetsa mitembo ya 1977 kungakhale kunama, ndipo bwalo la kwathu silimanga munthu pa mlandu wa mdzukulu wake. Sindikukananso kuti nchito yake ya 1935 mpaka 1938 inathandiza kugonjetsa Hitler, munthu amene akanapambana, ife akuda tikanaona zoposa zimene tinaona.

Mlandu wake ndi wina, ndipo ndi wokwanira. Munthu uyu ankadziwa kuposa anzake onse kuti mphamvu ya ndege ndi ciyani, ndi kuti cosankha ca lero cimabala zipatso patapita zaka. Pa nkhani ya dziko lake anamvera akatswiri a sayansi amene ena ankawaseka, naika ndalama pa cinthu cosaoneka ndi maso. Pa nkhani ya maiko a kuno, anthu 6 miliyoni ananena poyera kuti sakufuna, mafumu ao anayenda ulendo wautali kukanena pakhomo pake penipeni, koma iye ndi anzake anapitiriza ngati palibe walankhula. Nzeru anali nazo. Cimene cinasowa ndi kuwerengera mau a munthu wakuda kuti ndi mau. Ndipo pokana kumva, anaika asilikali ndi ndege za maiko atatu m'manja mwa kagulu kocepa ka ku Salisbury, kamene mafumu aja anacenjeza za iko.

Ndalemba izi cifukwa ife a kumalire timakonda kuganiza kuti za ku likulu ndi za ku maiko akutali sizitikhudza, bola mvula igwe, cimanga ndi mbatata zibereke, msika wa pa Lizulu kapena pa Calómuè uyende. Makolo athu a ku Tete sanali m'Citaganya, sanali pansi pa Angerezi, sanamvepo dzina la Swinton. Komabe pepala losainidwa ku London mu 1953 linawapeza m'minda yao patapita zaka 24. Lero mapepala ena akusainidwa, a malasha a ku Moatize, a madamu a pa Zambezi, a minda ikuluikulu, ndipo mabanja amene anasamutsidwira ku Cateme angakuuzeni kulemera kwa siginecha ya munthu amene simunamuonepo. Akabwera kudzacititsa msonkhano pansi pa mtengo, pitani, ndipo musangofunsa kuti tilandira zingati. Funsani kuti cinthu cimeneci cidzakhala m'manja mwa yani osainawa atacoka, ndi kuti mau athu alembedwa pati. Mafumu a mu 1953 anafunsa mafunso amenewa, ndipo ngakhale anabwezedwa pakhomo, Citaganya cinakhala zaka khumi zokha.